Johan Ankerstjerne (1886–1959), Wojambula Kanema wa ku Denmark

Kanema akatha pamabwera mayina ambirimbiri, koma nthawi imeneyo ambiri a ife timakhala tanyamuka kale. Akatifunsa mawa lake timatchula amene anasewera, mwina ndi amene anatsogolera, basi. Chonsecho chilichonse chimene tinaona chinayamba chadutsa m'diso la munthu wina, amene anasankha poimika kamera, poika nyali, ndi mbali ya nkhope yoti itsale mu mdima. Munthu ameneyu ndiye wojambula. M'gawo lino muwerenga mbiri ya wojambula mmodzi wa ku Denmark, Johan Ankerstjerne, amene anagwira ntchito pa nthawi imene makanema analibe mawu. Pamene mukuwerenga muzikumbukira ophunzira anu. Ambiri a iwo amaona zithunzi tsiku ndi tsiku pa foni, m'nyuzi ndi pa wailesi ya kanema, koma si kawirikawiri kuti wina awafunse kuti, kodi chithunzi chimenechi anachikonza ndani, ndipo amafuna kuti tione chiyani?

Dzanja la wokonza mawotchi

Ankerstjerne anabadwa pa 17 Januwale 1886 ku Randers, tauni ya m'chigawo cha Jutland. Ntchito imene anayamba kuphunzira inali yokonza mawotchi. Kenako ali mnyamata anayamba kuyendetsa makina oonetsera kanema m'tauni momwemo.

Mwina mukuona ngati ntchito ziwirizi n'zotalikirana. Ayi ndithu. Makina a kanema a nthawi imeneyo anali ndi timagudumu ta mano ngati ta m'wotchi, ndipo ankayenda mochita kupukusa ndi dzanja. Kamera nayonso inali yopukusa. Wojambula ankapukusa pafupifupi kawiri pa sekondi iliyonse, kuti tizithunzi pafupifupi 16 tijambulidwe pa sekondiyo. Akafulumiza dzanja, anthu a pa kanemayo ankaoneka ngati akuyenda m'madzi. Akachedwetsa, ankaoneka akuthamanga ngati nkhuku zothamangitsidwa. Tayesani nokha kupukusa chinthu mosasintha liwiro kwa mphindi zitatu, uku maso ali kwina, muone ngati n'zophweka. Komanso filimu ya nthawiyo inkapangidwa ndi mankhwala a nitrate amene sachedwa kugwira moto, ndipo motowo ndi wovuta kuzimitsa. Choncho woonetsa kanema ankagwira ntchito pafupi ndi nyali yotentha ali ndi chinthu choopsa m'manja. Munthu wamphwayi sakanakhalitsa pa ntchito yotere.

Ku Nordisk Film

Mu 1911 Ankerstjerne analembedwa ntchito yojambula ku kampani ya Nordisk Film, ku Valby mu mzinda wa Copenhagen. Kampaniyi anaiyambitsa ndi Ole Olsen mu 1906, ndipo chizindikiro chake chinali chimbalangondo choyera chitaima pa dziko lapansi. Musadabwe kumva kuti dziko laling'ono ngati Denmark linali ndi kampani imene inali m'gulu la makampani akuluakulu a kanema ku Ulaya konse. Chifukwa chake n'chakuti kanema wopanda mawu analibe vuto la chiyankhulo. Mawu ochepa ofunika ankalembedwa pa makadi oikidwa pakati pa zithunzi. Kungosintha makadiwo basi, kanema wa ku Copenhagen ankatha kugulitsidwa ku Berlin, ku London kapena ku Moscow.

Kujambula kwa masiku amenewo kunali kosavuta kufotokoza. Situdiyo zambiri zinali za denga la magalasi kuti dzuwa lilowe. Kamera inkaimikidwa patsogolo, osaisuntha, ndipo osewera ankalowa ndi kutuluka ngati pa bwalo la zisudzo. Chofunika chinali chakuti zonse zioneke bwino. Koma wojambulayo analibe kachipangizo komuuza kuchuluka kwa kuwala ngati mmene zilili lero, ndipo analibe mwayi woona pompo chimene wajambula. Ankayeza ndi maso, n'kudikira kuti filimu itsukidwe. Filimuyonso inali ndi khalidwe lake: zinthu zofiira zinkatuluka zakuda, zabuluu zinkatuluka zotuwa. Zonsezi ankayenera kuzisunga m'mutu.

Ntchito yake yaikulu pa zaka zimenezi inali kanema wotchedwa Atlantis, amene anatuluka mu Disembala 1913 motsogoleredwa ndi August Blom. Nkhani yake inachokera m'buku la Gerhart Hauptmann, mlembi wa ku Germany amene analandira mphoto ya Nobel mu 1912. Ndi nkhani ya dokotala amene banja lake lasokonekera, n'kukwera sitima ya pamadzi kupita ku America, sitimayo n'kumira panjira. Kanemayu anali wa pafupifupi maola awiri, kutalika kumene kunali kwachilendo pa nthawiyo. Zithunzi za ngoziyo anakazijambulira panyanja penipeni, anthu ali m'mabwato opulumukira, ndipo palinso zithunzi za m'misewu ya Berlin ndi New York. Taganizirani wojambula ali pa bwato logwedezeka ndi mafunde, kamera yolemera ili pa miyendo itatu, dzanja likupukusabe mosasintha.

Bukulo linalembedwa sitima ya Titanic isanamire mu Epulo 1912, koma anthu oonera sanathe kulekanitsa ziwirizi, ndipo ku Norway kanemayu analetsedwa. Pali chinanso chimene chingakusekeni. Kampaniyo inajambula mathero awiri. Ku maiko ambiri dokotala uja amapeza chikondi chatsopano, koma kope lopita ku Russia linali ndi mathero akuti wamwalira, poti amalonda ankakhulupirira kuti anthu a kumeneko amakonda nkhani zothera m'misozi.

Kukumana ndi Benjamin Christensen

Munthu amene anasintha ntchito ya Ankerstjerne anali Benjamin Christensen, wotsogolera makanema amene ankakonda kuchita zinthu mwa njira yake, mosafulumira, ngakhale ndalama zikutha. Kanema woyamba amene anapangira limodzi ndi Hævnens Nat wa mu 1916, kutanthauza usiku wobwezera. Christensen yemweyo ndiye anasewera ngati munthu wamphamvu wa m'masewero oyendayenda, amene wathawa m'ndende atanyamula khanda lake, atamangidwa pa mlandu umene sanapalamule.

Apa mpamene mdima unayamba kugwira ntchito. Kanemayu amayamba ndi Christensen akuonetsa kanyumba kachidole koyaka nyali m'kati, m'chipinda cha mdima, kuti woonera adziwe mmene nyumba ya m'nkhaniyo ilili. M'kati mwa nkhani, nyali zimazimitsidwa ndi kuyatsidwa, munthu amaoneka ngati mthunzi chabe pakhomo, ndipo pena kamera imabwerera m'mbuyo pang'onopang'ono mpaka mumazindikira kuti mwatuluka panja ndipo mukusuzumira pawindo. Mwaonatu kusiyana kwake. Poyamba kuwala kunali koti zinthu zioneke. Tsopano wojambula akusankha zoti muone ndi zoti musaone, ndipo mantha anu akuchokera pa zimene wakubisiranizo.

Häxan

Kanema amene dzina la Ankerstjerne limakumbukiridwa naye kwambiri ndi Häxan, liwu la Chiswidishi lotanthauza mfiti. Christensen anapeza ku Berlin buku lakale lotchedwa Malleus Maleficarum, limene linatuluka cha m'ma 1486 ndipo linkalangiza oweruza mmene angapezere ndi kufunsira anthu oganiziridwa ufiti. Anatha zaka pafupifupi ziwiri akuwerenga za milandu yotereyi. Ndalama zinachokera ku kampani ya ku Sweden ya Svensk Filmindustri, koma kujambula kunachitikira ku situdiyo ya ku Hellerup, kumpoto kwa Copenhagen, kuyambira Febuluwale mpaka Okutobala 1921. Kunalowa ndalama za ku Sweden pafupifupi makorona 2 miliyoni, ndipo panalibe kanema wina wopanda mawu wa ku maiko a Scandinavia amene anadya ndalama zochuluka chotero.

Awiriwa anagwirizana kuti dzuwa asalilole kulowerera. Ankajambula usiku kapena m'situdiyo yotsekedwa, kuti kuwala kulikonse kukhale kochita kuikidwa ndi munthu. N'chifukwa chake m'zithunzi zambiri kumbuyo kuli bii, ndipo m'mdimamo mukutuluka nkhope, dzanja, kapena mphika uli pamoto. Atatha kutsuka filimu ankainyika mu utoto, zigawo zina wabuluu, zina wofiira, monga mwa chizolowezi cha nthawiyo, pamene buluu ankaimira usiku.

Kanemayu ali ndi zigawo 7. Amayamba ngati phunziro la m'kalasi, ndi zithunzi za m'mabuku akale ndi kandodo kolozera, ngati kamene mumagwiritsa ntchito pa bolodi. Kenako amalowa m'nkhani ya m'chaka cha 1488. Bambo wina wadwala mwadzidzidzi. A pabanjapo akufuna chifukwa. Tsiku lomwelo pakhomo pafika gogo wina wosauka, Maria, kudzapempha chakudya. Basi, mlandu wapezeka mwini. Gogoyo agwidwa, aperekedwa kwa amonke ofufuza milandu, azunzidwa mpaka avomera zonse zimene akufunsidwa ndi zina zoonjezera. Pomufunsa anzake, atchula anthu amene anamuchitira nkhanza, kuphatikizapo a m'nyumba yomwe inamunenezayo, ndipo mlandu uja ubwerera kumene unachokera.

Amene anasewera ngati Maria sanali katswiri wa zisudzo. Anali mayi Maren Pedersen, a zaka 78, amene Christensen anawapeza akugulitsa maluwa mu msewu. Apa ndi pamene muyenera kuyang'anitsitsa ntchito ya wojambula. Ankerstjerne anabweretsa kamera pafupi kwambiri, nkhope n'kudzaza chinsalu chonse. Kuwala kukuchokera m'mbali, kotero khwinya lililonse likuoneka, milomo ikunjenjemera, misozi ikutsetsereka. Nkhope yomweyo akanaiunikira kuchokera pansi ikanaoneka yoopsa, ndipo woonera akanagwirizana ndi amonke aja. Mmene anaiunikiramu, mumaona munthu wokalamba wotopa, wofanana ndi agogo a wina aliyense. Makadi a mawu sakanatha kuchita zimenezi. Anthu ambiri olemba za makanema amaona kuti nkhope zoyandikira za mu kanema wa Carl Theodor Dreyer wa mu 1928, wonena za mlandu wa Jeanne d'Arc, zikutsata njira imene inayambidwa apa.

Tsono dzanja lomwelo ndi limene linajambulanso mfiti zikuuluka. Pamene Maria akuvomera mlandu chifukwa cha ululu, kanemayu amatisonyeza zimene akunenazo: akazi ambirimbiri atakwera matsache, akudutsa pamwamba pa madenga usiku. Mpaka lero chithunzi chimenechi chimagwira mtima. Nanga anachipanga bwanji, kompyuta kulibe? Anamanga tauni ya tinyumba tating'onoting'ono pa chithebulo chozungulira, n'kuijambula ikuzungulira kuti ioneke ngati ikudutsa pansi. Akazi a pa matsache anawajambula padera, injini ya ndege ikuwapemerera mphepo kuti zovala ziziuluka. Kenako zithunzizo anaziphatikiza pa filimu imodzi. Kulakwitsa pang'ono poyeza, ntchito ya masiku ambiri inkawonongeka. Apa wokonza mawotchi uja anali pakwawo.

Imani kaye pamenepa, aphunzitsi, chifukwa mfundo yake ndi yofunika. Chithunzi chokhutiritsa kwambiri mu kanema yenseyu ndi cha chinthu chimene, malinga ndi nkhaniyo, sichinachitike. Ndi mawu a munthu wozunzidwa amene akunena chilichonse kuti amusiye. Woonera amaziona ndi maso ake, komabe zimene akuonazo ndi zidole, mphepo ya injini ndi luso la munthu. Ana athu, ngakhalenso akuluakulu, amakonda kunena kuti ndinazionera ndekha pa kanema, ngati kuti nkhani yathera pomwepo. Häxan ndi chitsanzo chabwino chosonyeza kuti kujambula zinthu zosachitika kunayamba kale kwambiri, zaka zoposa 100 zapitazo.

Nkhani ya gogo wonenezedwa ufiti si yachilendo kwa ambiri a inu. Imamveka m'madera athu, ndipo ena mwa inu muli ndi ophunzira ochokera m'mabanja amene akhudzidwapo. Cholinga cha gawo lino si kutsutsana za zimene anthu amakhulupirira. Chimene kanemayu amaonetsa bwino ndi kayendedwe ka mlandu: kumene umayambira, chifukwa chake umagwera munthu wopanda womuteteza, ndi mmene kuvomera kochita kukakamiza kumaberekera milandu ina. Gawo lomaliza la kanemayu, limene limati ambiri mwa onenezedwawo anali ndi matenda a maganizo amene madokotala a nthawiyo ankawatcha hysteria, ndiye lofooka. Madokotala anasiya kale kufotokoza matenda mwa njira imeneyo, ndiponso ambiri amene anaphedwa pa milandu yotere sankadwala chilichonse. Mawu a Christensen akalamba, koma nkhope zimene Ankerstjerne anajambula sizinathe mphamvu.

Häxan anaonetsedwa koyamba ku Stockholm pa 18 Seputembala 1922, ndipo ku Copenhagen mu Novembala chaka chomwecho. Ku United States analetsedwa, ndipo m'maiko ena anadulidwa zigawo chifukwa cha zithunzi za nkhanza, za umaliseche ndi zonyoza zinthu zopatulika. Pa chifukwa chomwechi tikuchenjezeni: kanemayu amapezeka pa intaneti, koma si woonetsa ana a sukulu. Ngati mukufuna kumugwiritsa ntchito, yambani mwaonera nokha, n'kusankhapo chithunzi chimodzi kapena ziwiri zoima.

Ntchito

Usiku, kapena m'chipinda chotseka mawindo, pemphani mnzanu akhale pa mpando osasintha nkhope. Muunikireni ndi tochi kuchokera kutsogolo, kenako m'mbali, kenako pansi pa chibwano, pomaliza kumbuyo kwa mutu. Nthawi iliyonse lembani liwu limodzi lofotokoza munthu amene mukumuonayo: waulemu, wachisoni, woopsa, kaya wachinsinsi. Mukatero ganizirani mmene mungachitire zomwezi ndi kalasi lanu pogwiritsa ntchito dzungu, chidole cha dothi kapena nkhope ya wophunzira amene wadzipereka yekha. Lembani mafunso atatu amene mungawafunse pambuyo pake, ndipo mukakambirane ndi anzanu pa tsiku lokumana.

Kuchoka pa kamera

Häxan sanabweze ndalama zimene zinalowa. Christensen anapita ku Germany, kenako ku Hollywood. Makampani a ku Denmark nawo anali atafooka, chifukwa nkhondo yoyamba ya dziko lonse inawalanda msika waukulu wa ku Germany, ndipo makanema a ku America anali atadzaza paliponse. Ankerstjerne anajambulabe pang'ono. Mwa zina anajambula Hadda Padda wa mu 1924, wochokera m'sewero la Guðmundur Kamban, amene zithunzi zake zakunja anakazitenga ku mapiri ndi zigwa za ku Iceland.

Kenako anasiya kamera n'kulowa mbali imene anthu saiona n'komwe. Anayang'anira za umisiri ku Nordisk, ndipo mu 1932 anatsegula kampani yakeyake yotsuka ndi kusindikiza mafilimu ku Copenhagen, yotchedwa dzina lake lomwelo, Johan Ankerstjerne A/S. Ena angaone ngati uku kunali kutsika, munthu amene anajambula Häxan kukathera pa matanki a mankhwala. Koma wojambula aliyense wa nthawi ya filimu ankadziwa kuti ntchito yake imathera m'manja mwa otsuka. Mankhwala akatentha pang'ono, kapena filimu ikakhalitsamo masekondi ochepa, mdima umene munthu anaukonza usiku wonse unkatuluka wotuwa. Ndiponso nthawi imene anatsegulira kampaniyo inali yoyenera. Makanema a mawu anali atangofika kumene ku Denmark, monga Præsten i Vejlby wa mu 1931, ndipo mawuwo ankasindikizidwa ngati kamzere kowonda m'mphepete mwa filimu, kamene kankafuna kutsuka kosamala kuposa kale. Chinanso, mawu atabwera, chiyankhulo chinayamba kutchinga. Makanema a Chidanishi anasanduka a anthu a kwawo komweko, ndipo ambiri a iwo anadutsa mu labotale ya Ankerstjerne, imene inakula kukhala yodalirika m'dzikomo ndipo inagwirabe ntchito zaka zambiri mwini wake atamwalira.

Christensen anamwalira mu Epulo 1959, ndipo Ankerstjerne anamutsatira pa 18 Ogasiti chaka chomwecho, ku Copenhagen, ali ndi zaka 73. Onse awiri sanaone kutchuka kwatsopano kwa kanema wawo. Mu 1968 kunatuluka kope lofupikitsidwa, lopanda utoto uja, lokhala ndi nyimbo za jazi ndi mawu a mlembi wa ku America William S. Burroughs, ndipo kudzera m'kope limeneli achinyamata ambiri a ku Ulaya ndi ku America anamudziwa Häxan. Anyamata amene anapanga The Blair Witch Project mu 1999 anatcha kampani yawo Haxan Films. Mu 2016 bungwe la Svenska Filminstitutet la ku Sweden linakonzanso kanemayu pa kompyuta, wathunthu, ndi utoto wake wabuluu ndi wofiira. Mukamafufuza chithunzi choti mugwiritse ntchito m'kalasi, funani cha m'kope limeneli, chifukwa makope ambiri akale ndi otuwa ndipo nkhope ya mayi Pedersen sioneka bwino.